Pepala Limene Achemwali Anga Anakana Kusaina

Achemwali anga ndi atelala. Kwa zaka zambiri akhala akulera ana awo ndi makina osokera opalasa ndi mapazi, ndipo aliyense amene anakhalapo pafupi ndi makina oterowo amadziwa kuti ntchito yake imadalira mwendo monga mmene imadalirira maso ndi zala. Tsiku lina madzulo, akuwoloka msewu atanyamula chikwama cha zovala zimene anali atangomaliza kusoka, galimoto imene inkakhota mothamanga inawagunda mwendo wakumanja n'kuwagwetsera m'mbali mwa msewu. Fupa la msongolo linathyoka chakumunsi, pafupi ndi kakolo, ndipo madokotala anawachita opaleshoni n'kulowetsa chitsulo m'fupamo kuti ligwirane.

Za ngoziyo ndinena zokhazi, chifukwa si imene yandilembetsa nkhaniyi. Chimene chakana kundichoka m'mutu ndi pepala limodzi limene linabwera kunyumba kwawo patapita milungu ingapo, funso limene iwo anafunsa munthu amene analibweretsa, ndiponso zimene ndinaphunzira pambuyo pake za mmene chipukuta misozi cha ngozi zapamsewu chimayendera.

## Umboni umayamba kutha ngozi ikangochitika

Mu lipoti lake la 2023, bungwe loona zaumoyo padziko lonse la WHO linanena kuti anthu pafupifupi 1.19 miliyoni amafa pangozi zapamsewu chaka chilichonse, ndipo oposa theka la iwo amakhala oyenda pansi, okwera njinga zopalasa ndi okwera njinga zamoto. Bungwe lomweli limawerengera kuti anthu ena apakati pa 20 miliyoni ndi 50 miliyoni amavulala koma n'kupulumuka. Achemwali analowa m'gulu lachiwirili, limene ifeyo timaona ngati nkhani yake yatha bwino munthu akangotuluka m'chipatala, chonsecho kwa mwiniwakeyo mavuto a ndalama amakhala akuyamba kumene.

M'mayiko ambiri lamulo limati wovulalayo ndi amene ayenera kusonyeza kuti woyendetsa galimoto sanasamale, kuti kusasamalako ndi kumene kunachititsa ngozi, ndiponso kuti ngoziyo ndi imene inabweretsa kuvulala ndi kutayika kwa ndalama kumene akudandaula. Zimenezi zimamveka zachilungamo munthu akamaziwerenga ali bwinobwino. Koma umboni wofunika kwambiri umapezeka pa mphindi zoyambirira zokha, wovulalayo ali chigonere pansi, sakudziwa ngakhale kumene nsapato yake yagwera. Galimoto imasunthidwa, magalasi osweka amasesedwa, zizindikiro za matayala pamsewu zimafufutika, ndipo anthu amene anaona zochitikazo amabalalika aliyense kulowera kwawo.

Dalaivala uja sanathawe, ndipo pa chimenecho ndimamuyamikira. Anawanyamula yekha kupita nawo kuchipatala, koma ali m'njira anawapempha kuti nkhaniyo isafike kupolisi chifukwa iye alipira zonse zakuchipatala. Munthu akamamva ululu wotero amavomera chilichonse. Amene anatipulumutsa ndi mayi wina amene sitinkamudziwa n'komwe. Pamene anthu ankatola zovala zimene zinamwazika, iye analemba nambala ya galimotoyo ndi nambala ya foni yake kuseri kwa lisiti lakale, n'kulilowetsa m'chikwama muja. Tinalipeza tikutulutsa zovalazo kuti tizichape, litapindidwapindidwa, ndipo m'munsi mwake munali mawu akuti, "Ndinaona zonse." Ndi kapepala kameneko tinapita kupolisi, lipoti la ngozi linalembedwa, ndipo tinadziwa kampani ya inshuwaransi ya galimotoyo.

## Mlendo amene anabwera ndi pepala

Nthawi imene woimira kampaniyo anafika, zinthu pakhomo pa achemwali zinali zitathina. Makina anali ataphimbidwa ndi nsalu pakona, makasitomala ena anali atabwera kudzatenga nsalu zawo zosasokedwa pamodzi ndi ndalama zimene analipiriratu, ndipo malipiro a alamu anga okha sankakwanira lendi, sukulu ya ana ndi maulendo akuchipatala. Ine ndinali komweko tsikulo chifukwa ndinali nditangowabweretsa kuchokera kokaonana ndi dokotala.

Anali bambo waulemu, wolankhula modekha. Anapepesa, anafunsa za mwendowo, kenako anatulutsa mapepala m'chikwama n'kunena kuti kampani yawo sikufuna kuti mayi wovulala azivutika ndi maloya ndi makhoti, choncho yakonza zopereka ndalama mwamsanga. Atatchula kuchuluka kwake, m'nyumbamo munangoti zii. Zinali ndalama zimene zikanabweza ngongole zonse n'kutsalako, ndipo iye anati zikhoza kulowa kubanki mlungu womwewo ngati achemwali atasaina. Ndinaona nkhope ya alamu anga ikumasuka koyamba chichitikireni ngoziyo, ndipo sindiwaimba mlandu, pakuti ndi iwo amene ankakumana ndi eni ngongole pakhomo.

Achemwali analandira cholembera, koma magalasi awo a maso anali atasweka pangozi ija.

"Achimwene, tandiwerengerani apa pali tizilembo ting'onoting'onopa," anatero.

Ndinawerenga mokweza. Ndimeyo inkanena kuti polandira ndalamazo, wosainayo akuvomera kuti walipidwa mokwanira ndiponso komaliza pa zonse zochokera pangoziyo, zimene zikudziwika panopa ndi zimene zingadzadziwike m'tsogolo, ndipo sadzasumira kampaniyo kapena dalaivalayo. Anandiuza kuti ndibwereze, ndipo ndinabwereza. Kenako anayang'ana mwendo wawo, umene unali pampando utasanjikidwa papilo, zala zake zikuonekabe zotupa, n'kutembenukira kwa mlendoyo.

"Bambo, dokotala wandiuza lero kuti fupali silinayambe kugwirana bwino, ndipo akuti tidikire tione. Nanga likadzakana, ndidzakupezani kuti?"

Bamboyo anakhala kaye chete. Akanatha kulizemba funsolo, koma sanatero.

"Mayi, ndisakunamizeni. Mukasaina apa, nkhani yatha. Ngakhale mutadzabwera ndi kalata ya dokotala, fayilo yanu idzakhala itatsekedwa."

Achemwali anabweza cholemberacho. Ananena kuti akuthokoza, koma sangagulitse mwendo umene sakudziwa kuti udzathera pati. Alamu anatuluka panja osalankhula, ndipo m'banjamo munakhala kusamvana kwa masiku angapo, chifukwa kukana ndalama uli ndi ngongole si chinthu chimene anthu apabanja angachimvetse tsiku lomwelo.

## Chifukwa chake pepalalo limalemera chotero

Loya amene tinamupeza pambuyo pake anatifotokozera mfundo imene makhoti otsatira dongosolo la malamulo a ku England amayendera. Mfundoyi inanenedwa momveka bwino mu 1880 ndi woweruza wina, Lord Blackburn, pamlandu wa Livingstone ndi kampani ya Rawyards Coal, umene unali wokhudza malasha okumbidwa pansi pa malo a munthu wina. Iye anati chipukuta misozi chiyenera kukhala ndalama zimene zingamubwezere wolakwiridwayo pamene akanakhala achikhala kuti sanalakwiridwe. Kwa munthu wovulala, pali zowerengeka, monga mankhwala, mayendedwe, ndodo zoyendera, magalasi osweka ndi ndalama zimene walephera kupeza chifukwa sakugwira ntchito. Palinso zimene zilibe lisiti, monga ululu ndi kulephera kuchita zinthu zimene ankasangalala nazo, ndipo makhoti amaziikira mtengo poyerekezera ndi milandu yakale yofanana. Ndiyeno pali zam'tsogolo, ndipo pamenepa ndi pamene pagona nkhani.

Mwachizolowezi chipukuta misozi chimaperekedwa kamodzi kokha pangozi imodzi. Munthu sangabwerere kukhoti chaka chamawa kukanena kuti mwendo wayambiranso, choncho opaleshoni imene idzafunike m'tsogolo, ntchito imene sadzathanso kuigwira ndi chisamaliro chimene adzafune akadzakalamba, zonsezo ziyenera kuganiziridwa pa tsiku logwirizanalo. Ku England aphungu anaona kuti mfundoyi imapweteka anthu ena, ndipo lamulo la 1982 linapatsa makhoti mphamvu yopereka chipukuta misozi n'kulola wovulalayo kudzabweranso ngati pali chiopsezo chakuti angadzadwale kwambiri chifukwa cha kuvulala komweko. Koma mwayi umenewu umafunika kulembedwa m'chigamulo cha khoti. Pepala losainidwa pabalaza, popanda wina wokulangiza, silisiya mwayi wotero.

Tsono thupi lili ndi nthawi yakeyake, imene sigwirizana ndi changu cha kampani. Kupweteka kwa khosi kumene kumadza mutu ukagwedezeka mwamphamvu pangozi nthawi zambiri kumayamba patapita maola kapena tsiku lotsatira. Magazi otayikira pang'onopang'ono m'mutu akhoza kuonetsa zizindikiro patapita milungu, makamaka kwa okalamba. Fupa la msongolo limatenga miyezi 4 mpaka 6 kuti ligwirane zinthu zikayenda bwino, ndipo nyamakazi ya polumikizira mafupa pamene panavulala imatha kubwera patapita zaka. Kuopa msewu, kulota ngozi ndi kusowa tulo nazonso zimachedwa kuonekera, ngakhale kuti makhoti ambiri amazivomereza monga kuvulala kwenikweni dokotala wa matenda a maganizo akazitsimikizira. Kampani imene ikupereka ndalama m'milungu yoyambirira imazidziwa zonsezi, pakuti yaona mafayilo ochuluka, pamene wovulalayo akukumana nazo koyamba. Kusiyana kumeneku ndi kumene kumandiwawa mumtima. Bambo wotumidwa uja ndilibe naye chifukwa, popeza atafunsidwa ananena zoona.

## "Nanunso munalakwa"

Achemwali atakana, kalankhulidwe ka kampani kanasintha. Kalata imene inabwera kwa loya inanena kuti iwo anawoloka patali ndi malo owolokera, atavala zakuda kunja kukuyamba mdima, choncho gawo lalikulu la ngoziyo linali lawo. Atawerengeredwa kalatayo analira kuposa mmene analirira ndi ululu wa fupa, chifukwa anamva ngati akunenedwa kuti anadzigunditsa dala.

Loya anawakhazika mtima pansi powauza kuti imeneyi ndi njira yodziwika yochepetsera ndalama. Kale, m'malamulo a ku England, wovulala akapezeka kuti nayenso analakwako ngakhale pang'ono, sankalandira kanthu. Lamulo la 1945 linasintha zimenezi, ndipo kuyambira pamenepo khoti limagawa cholakwacho n'kudula chipukuta misozi molingana ndi gawo la wovulalayo. Chitsanzo chodziwika kwambiri ndi mlandu wa Froom ndi Butcher wa 1975, pamene woweruza Lord Denning ananena kuti munthu amene sanamange lamba m'galimoto adulidwe 25 peresenti ngati lambayo akanamuteteza kuti asavulale n'komwe, kapena 15 peresenti ngati akanangochepetsa kuvulalako. Mfundo yomweyi imakhudzanso wokwera njinga yamoto wosavala chipewa chodzitetezera, ndi woyenda pansi amene walowa mumsewu osayang'ana. Motero gawo lililonse la cholakwa limene kampani ingakankhire kwa wovulala ndi ndalama zimene yapulumutsa.

Apa lisiti lija linagwiranso ntchito. Mayi uja anavomera kupereka umboni wolemba, ndipo anafotokoza kuti achemwali anali pakati pa mizere yoyera yowolokera, ndi kuti galimotoyo inakhota osachepetsa liwiro. Zimene ananena zinagwirizana ndi mbali imene galimotoyo inaphwanyika, monga apolisi analembera atakaiona. Kampani inavomera kuti dalaivala ndi amene analakwa, ndipo loya anapezerapo mwayi wopempha kuti gawo lina la ndalama liperekedwe nkhani isanatsekedwe, kuti lidzachotsedwe pa ndalama zomaliza. Njira imeneyi ilipo m'malamulo a mayiko angapo, koma kawirikawiri imafuna kuti munthu achite kuipempha. Tsiku la pepala lija palibe amene anatiuza kuti ilipo.

## Fupa linakanadi

Akuluakulu amati kuona maso a nkhono n'kudekha, koma kudekha kumafuna kuti munthu akhale ndi pogwira pamene akudikira, ndipo ovulala ambiri amasaina chifukwa chosowa pogwirapo. Gawo la ndalama lija ndi limene linathandiza kuti achemwali athe kudikira.

Itadutsa miyezi imene fupa limayenera kukhala litagwirana, dokotala anaika zithunzi za ekisireyi pabolodi lowala, chakale ndi chatsopano moyandikana, n'kutilozera ndi cholembera mzere wakuda umene unali pomwepo osasintha. Anafotokoza kuti chigawo chakumunsi cha msongolo chili ndi mnofu wochepa ndipo magazi safikako ambiri, n'chifukwa chake fupa limeneli limadziwika ndi vuto lokana kugwirana. Panafunika opaleshoni yachiwiri, imene anatenga tizidutswa ta fupa la m'chiuno n'kutiika pothyokapo. Panatsatira miyezi inanso ya ndodo ndi mafizo, ndipo ngakhale kuti fupalo linagwirana, m'kakolo munauma moti phazi silipindika mokwanira kuti lipalase makina tsiku lonse.

Nditaphatikiza malisiti a opaleshoni yachiwiriyo ndi zonse zotsatira pake, ndinapeza kuti anaposa ndalama zimene zinali papepala lija. Alamu anga ataona chiwerengerocho anapita kukakhala pafupi ndi akazi awo, ndipo nkhani ya cholembera chobwezedwa sinayambikenso m'nyumbamo. Dokotala analemba lipoti lomaliza pokhapokha ataona kuti mwendo wafika poti sungasinthenso kwenikweni, ndipo analembamo kukula kwa kulumala kotsalako pamodzi ndi chiopsezo cha nyamakazi. Lipoti limenelo ndi limene linakhala maziko a zokambirana zonse. Loyamba lija, lolembedwa potuluka m'chipatala, linkangonena kuti fupa lathyoka ndipo laikidwa chitsulo.

## Mabuku a miyezo

Munthu wolembedwa ntchito amasonyeza mapepala a malipiro ake ndi kalata ya abwana, ndipo zimene wataya zimawerengeka mosavuta. Wodzilemba yekha ntchito, monga telala, kalipentala kapena wogulitsa malonda, amavutika, chifukwa kampani imangofunsa kuti umboni wakuti ankapeza ndalama zimenezo uli kuti. Achemwali anati alibe umboni uliwonse. Loya anafunsa ngati ankalemba chilichonse pantchito yawo, ndipo iwo anayankha kuti ali ndi mabuku a miyezo basi, zinthu zimene sangapite nazo kukhoti.

Tinawabweretsa mabukuwo, makope akusukulu akutha m'makona, ena othimbirira ndi mafuta a makina. Tsamba lililonse linali ndi dzina la kasitomala, tsiku, miyezo ya chifuwa, chiuno, phewa ndi kutalika kwa mkono, kachidutswa ka nsalu kobayidwa ndi phini, ndipo m'munsi mwake munali mtengo ndi mawu akuti "walipira" kapena "watsala". Loya anatsegula tsamba ndi tsamba osalankhula, kenako anati umenewu ndi umboni wolimba kuposa mapepala ambiri amene amalandira, chifukwa unalembedwa ngozi isanachitike, ndi munthu amene sankadziwa kuti udzafunika. Kuchokera m'mabukumo anawerengera zimene achemwali ankapeza pamwezi atachotsa ulusi, mazipi, mabatani ndi lendi ya malo osokera, ndipo anatenga miyezi yambiri pamodzi kuti ya ntchito yochuluka ndi ya ntchito yochepa yomwe ilowemo. Anawonjezeranso mtengo wa makina amagetsi, amene chopondera chake ndi chopepuka moti phazi lakumanzere lingathe kuchiyendetsa.

Panali chinthu chinanso chimene ife sitinkachiona ngati chotayika. Mwana wawo wamkazi woyamba anasiya ntchito imene anali atangoiyamba kumene kuti aziwasambitsa, kuwaphikira ndi kuwathandiza kupita kuchimbudzi. Kwa ife umenewo unali udindo wa mwana kwa mayi ake. Loya anati n'zoona, koma ngozi ndi imene inabweretsa udindowo, ndipo pakanapanda mwanayo banja likanalemba munthu wolipidwa. Makhoti a ku England amavomereza chisamaliro cha achibale monga gawo la chipukuta misozi, ndipo pamlandu wa Hunt ndi Severs mu 1994 khoti la House of Lords, limene pa nthawiyo linali lalikulu kwambiri kumeneko, linanena kuti wovulalayo amalandira ndalama zimenezi kuti azipereke kwa womusamalirayo. Loya wathu anatilangiza kuti tizilemba maola a chisamalirocho tsiku ndi tsiku. Mpaka pano ndimaganiza za amayi ndi atsikana ambiri amene amachezera pambali pa bedi la wodwala ndi kumunyamula kunyumba kwa miyezi, ntchito yawo osalowa m'chiwerengero chilichonse chifukwa palibe amene anawauza kuti imawerengedwa.

## Nthawi imathina mbali zonse

Sindikunena kuti wovulala azingokhala manja lende. Lamulo limaika malire a nthawi yosumira, ndipo nthawiyo ikadutsa, kawirikawiri mlandu umafa ngakhale utakhala wolimba chotani. Ku England ndi Wales malirewo ndi zaka 3 kuchokera tsiku la ngozi kapena tsiku limene munthu anadziwa za kuvulalako, ndipo kwa mwana zakazo zimayamba kuwerengedwa akakwanitsa zaka 18. Ku South Africa, wodandaula ku Road Accident Fund, thumba la boma lolipira ovulala pangozi zapamsewu, amakhala ndi zaka 3 ngati dalaivala kapena mwini galimoto akudziwika, koma zaka 2 zokha ngati galimotoyo inagunda n'kuthawa. Dziko lililonse lili ndi malire ake, ndipo limeneli ndi funso loyenera kulifunsa tsiku loyamba kukumana ndi loya. Kupolisi munthu apite msanga, umboni ausonkhanitse msanga, kampani aidziwitse msanga. Choyenera kuchedwa ndi chimodzi chokha, kusaina pepala lotseka nkhani.

Kusankha wokuimirira nakonso kumafuna kusamala. M'mawodi a ovulala mumazungulira anthu olonjeza kuti athamangitsa chipukuta misozi, ena otumidwa ndi maloya, ena osadziwika n'komwe kumene achokera, ndipo amafuna kuti wodwala asaine mapepala owapatsa mphamvu yolandira ndalama m'malo mwake. Ife tinapempha loya wathu kuti atilembere zimene adzatenge asanayambe ntchito, ndi kuti kalata iliyonse yochokera kukampani tiziiona ndi maso athu. Loya woona mtima sakhumudwa ndi pempho lotere. Mayiko ena anachita kuika malire m'lamulo. Ku South Africa, lamulo la 1997 limati loya amene wagwirizana ndi wodandaula kuti adzalipidwa pokhapokha mlandu ukapambana asatenge zoposa 25 peresenti ya ndalama zimene wovulalayo walandira.

## Bedi loyandikana

Pamapeto pake achemwali anasaina pepala lokhala ndi ndime yofanana ndi ija, koma anasaina lipoti lomaliza la dokotala lili patebulo, akudziwa chimene akutseka. Nkhaniyo sinafike kukhoti, monga mmene milandu yambiri yotere imathera pokambirana.

Komabe sindingalembe ngati kuti dongosololi linayenda bwino. Pa nthawi ya opaleshoni yachiwiri ija, pabedi loyandikana panagona mayi wina wothyoka fupa lomwelo, amene anagundidwa usiku ndi galimoto imene sinaime. Palibe amene analemba nambala. Ululu wake unali wofanana ndi wa achemwali, ana ake ankamudikira chimodzimodzi, koma analibe munthu woti amusumire. Chimene chinasiyanitsa amayi awiriwa n'chakuti pangozi ya mmodzi panali munthu wodutsa amene anali ndi cholembera m'chikwama.

Mayiko ena anayesa kutseka mpata umenewu. Dziko la Britain linakakamiza oyendetsa magalimoto kukhala ndi inshuwaransi yolipira anthu ena ovulala kudzera m'lamulo la 1930, ndipo mu 1946 kunakhazikitsidwa bungwe la Motor Insurers' Bureau kuti lizilipira ogundidwa ndi madalaivala opanda inshuwaransi. Pambuyo pake linayambanso kulipira ogundidwa ndi magalimoto osadziwika. Ku South Africa thumba la Road Accident Fund limapeza ndalama kuchokera kumsonkho wa pa lita iliyonse ya mafuta, kotero kuti aliyense woyendetsa galimoto amasonkhako, ngakhale kuti anthu amalidandaula thumbali chifukwa cha ngongole zake ndi kuchedwa kulipira. Dziko la New Zealand linapita patali kwambiri. Potsatira lipoti la 1967 la komiti imene ankaitsogolera woweruza Owen Woodhouse, dzikolo linayamba mu 1974 dongosolo limene wovulala pangozi amathandizidwa popanda kufunsa kuti wolakwa ndani. Amathandizidwa pa zakuchipatala ndi mafizo, ndipo amalandira mpaka 80 peresenti ya malipiro ake mlungu ndi mlungu pamene sakugwira ntchito. Posinthana ndi zimenezi, anthu anataya ufulu wosumira wowavulaza kuti awalipire, ndipo ena amene analumala kwambiri amadandaula kuti amalandira zochepa kuposa zimene khoti likanawapatsa.

Dandaulo limenelo ndimalimva, ndipo sindilichepetsa. Koma nditaona miyezi imene achemwali anadutsamo, mtima wanga uli pa dongosolo limene limalipira pang'onopang'ono thupi likamachira, chifukwa silifuna kuti munthu alosere tsogolo la fupa lake eni ngongole ali pakhomo, ndipo silisiya kunja munthu amene anagundidwa mumdima popanda mboni. Kumene dongosolo lotere kulibe, opanga malamulo angathe kuchitapo zinthu ziwiri popanda kugwetsa zonse zimene zilipo: kukakamiza makampani kupereka gawo la ndalama akangovomera kuti dalaivala wawo analakwa, ndi kuletsa kuti pepala lotseka nkhani lisainidwe lipoti lomaliza la dokotala lisanatuluke.